Wanena Ndani? Mbiri ya Umboni wa Mankhwala, Kuchokera ku Isando Kukafika pa Wikipedia

Aliyense amene adatsikapo ndege pa bwalo la OR Tambo adadutsapo m'mbali mwa Isando, ngakhale ambiri sadziwa kuti malowa ali ndi dzina. Ndi dera la mafakitale ndi nyumba zosungiramo katundu kufupi ndi Kempton Park, mu mzinda wa Ekurhuleni, kummawa kwa Johannesburg. M'Chizulu isando ndi nyundo, ndipo misewu yake idapatsidwa mayina a ntchito yomweyo: Wrench, Diesel, Electron. M'mamawa anthu amatsika m'maminibasi ochokera ku Tembisa, ndipo ukatchera khutu pakati pa Chizulu ndi Chipedi umamva ndithu Chichewa, Chiyao ndi Chitonga cha ku Nkhata Bay. Akwathu ambiri kumeneko ntchito yawo ndi yopakira ndi kutsitsa makatoni.

Ine dzinali ndidayamba kuliona ndili mwana, pa kapepala ka m'bokosi la mankhwala amene malume adabwera nawo kuchokera ku Joni. Kapepalako kadali kopindapinda, zilembo zake ngati nyerere, mbali imodzi Chingerezi, mbali ina Chiafrikana, ndipo pansi penipeni padali adiresi ya kampani: Isando. Pakhomo pathu palibe adakawerenga. Chimene tidadalira ndi mawu a malume akuti mankhwala a ku Joni ndi amphamvu.

Lero ndine womasulira, ndipo ndikapeza mpata ndimalemba ndi kumasulira nkhani za umoyo pa Wikipedia, insaikulopediya ya pa intaneti imene aliyense amaloledwa kukonza. Tsiku lina ndidawonjezera chiganizo pa nkhani ya Chingerezi, chonena kuti chloroquine wayambanso kuchiza malungo ku Malawi. Gwero ndidali nalo: kafukufuku wochitikira ku Ndirande, wofalitsidwa m'magazini ya madokotala yolemekezeka padziko lonse. Dzuwa lisanalowe mkonzi wina, amene nkhope yake sindiidziwa, adachichotsa n'kusiya zilembo zisanu zokha: MEDRS. Ndidapsa mtima. Kafukufuku wa kwathu, wochitika pa ana athu, wina akumukana bwanji? Padatenga nthawi kuti ndione kuti mkonziyo sadalakwe, ndipo chimene chidanditsegula maso ndi mbiri ya dera lathu lomwe lino.

Kapu ya mchape ndi botolo la Virodene

M'Chichewa liwu lakuti umboni limasenza katundu awiri. Pali umboni wa kukhoti, umene umafunsidwa mafunso mpaka utsimikizike. Palinso umboni wa kutchalitchi, pamene munthu amaimirira n'kufotokoza zimene zamuchitikira, ndipo palibe angamutsutse chifukwa moyo wake amaudziwa yekha. Pa nkhani ya mankhwala, tsoka lathu lalikulu lidabwera pamene tidatenga umboni wachiwiriwu n'kuuika pampando wa woyamba.

M'chaka cha 1995 dzina la a Billy Goodson Chisupe, mlimi wa kufupi ndi Liwonde m'boma la Machinga, lidamveka dziko lonse. Iwo adati adaonetsedwa kumaloto mtengo umene makungwa ake amachiza Edzi. Anthu adatcha madziwo mchape, dzina lakale la mankhwala ochotsera ufiti a m'zaka za m'ma 1930. Malole, mabasi ndi magalimoto a maofesi adakhamukira kumudziko, ndipo ofufuza adayerekeza kuti amene adamwako adafika pafupifupi 300,000. Sitiyenera kuwaseka anthu amenewa. Nthawi imeneyo chipatala chidalibe chowapatsa. Njira yophatikiza mitundu itatu ya ma ARV idalengezedwa ku Vancouver mu 1996, ndipo kwathu idachedwa zaka zambiri. Wamva m'mimba ndiye atsekula chitseko. Koma tiyeni tione mmene mbiri ya mchape inkayendera. Amene adamva bwino atamwa adabwerera kwawo n'kukauza anzawo. Amene adamwalira patapita miyezi sadabwerere kudzanena kanthu. Akufa sachitira umboni, ndiye mbiri imene inkafika m'makutu a anthu idali ya mbali imodzi.

Wina anganene kuti zimenezi ndi za anthu akumudzi. Koma patangopita zaka ziwiri, mu Januwale 1997, zofananazi zidachitika pamaso pa nduna za boma la South Africa. Gulu la ofufuza a ku Pretoria lidabwera ndi mankhwala otchedwa Virodene, limodzi ndi odwala ena amene adaimirira n'kufotokoza mmene adapezera bwino. Nduna zidaomba m'manja. Bungwe loona za mankhwala la Medicines Control Council, motsogozedwa ndi Pulofesa Peter Folb, litaunika lidapeza kuti chinthu chachikulu m'mankhwalawo chidali dimethylformamide, madzi osungunulira zinthu m'mafakitale amene amatha kuwononga chiwindi, ndipo lidaletsa kuwayesa pa anthu. Kusiyana kwa Liwonde ndi Pretoria kudali kwa zovala ndi chilankhulo chabe. Konsekonse chimene chidagwira mitima ndi munthu woimirira n'kunena kuti ndachira.

Mlandu wa makampani 39

Kuti timvetse chifukwa chake atsogoleri ophunzira adafulumira kukhulupirira, tibwerere ku Isando. Mu 1997 Nyumba ya Malamulo ya South Africa idasintha lamulo la mankhwala pofuna kuti boma lizitha kupeza mankhwala otsika mtengo. Mu Febuluwale 1998 makampani opanga mankhwala adasumira boma la a Nelson Mandela ku khothi lalikulu la ku Pretoria. Pofika kumapeto kwa mlanduwo adalipo 39, ndipo pakati pawo padali Bayer, imene likulu lake la m'dzikoli lidali pa msewu wa Wrench ku Isando. Masiku amenewo ma ARV a munthu mmodzi ankadya ndalama pafupifupi madola 10,000 pa chaka. Mu Febuluwale 2001 kampani ya ku India ya Cipla idalengeza kuti ingathe kugulitsa mitundu itatuyo kwa Médecins Sans Frontières pa madola 350 pa chaka. Mkwiyo wa anthu padziko lonse udakula, ndipo pa 19 Epulo 2001 makampaniwo adausiya mlandu.

Choncho amene ankakayikira makampani a mankhwala adali ndi chifukwa. Vuto lidali lakuti kukayikira mtengo kudasanduka kukayikira mankhwala enieniwo. Mu Okutobala 1999 Pulezidenti Thabo Mbeki adauza aphungu kuti AZT akhoza kukhala woopsa ku moyo wa munthu, ndipo adatchula zolembedwa zambiri zimene zidali pa intaneti. Zolembedwazo zidalipodi. Zina zidalembedwa ndi anthu a madigiri apamwamba, monga Pulofesa Peter Duesberg wa pa yunivesite ya California ku Berkeley, amene ankati HIV siyambitsa Edzi. Mu 2000 a Mbeki adaitana a Duesberg ndi anzawo kuti akhale m'gulu la alangizi awo, pambali pa asayansi odziwa bwino za kachilomboka, ngati kuti mbali ziwirizo zidali zolemera mofanana. Mu Julayi chaka chomwecho madokotala ndi asayansi oposa 5,000 adasainira chikalata cha Durban Declaration, chotsimikiza kuti HIV ndiyo imayambitsa Edzi. Ku msonkhano wa Edzi wa ku Durban, Nkosi Johnson, mwana wa zaka 11 wobadwa ndi kachilomboka, adapempha boma kuti lizipereka mankhwala kwa amayi oyembekezera. Adamwalira pa 1 Juni 2001.

Boma lidachita kukakamizidwa. Gulu la Treatment Action Campaign, limene lidayamba pa 10 Disembala 1998, lidapambana ku khothi loona za malamulo aakulu a dziko mu Julayi 2002 pa nkhani ya nevirapine wa amayi oyembekezera. Ma ARV adayamba kuperekedwa m'zipatala za boma mu 2004, chaka chomwe Malawi nayenso adayamba kuwapereka mwaulere. Ngakhale zidali choncho, mu 2006 ku msonkhano wa ku Toronto, pamalo oonetsera zinthu a South Africa padayalidwa adyo, mandimu ndi bitiruti, zakudya zimene nduna ya zaumoyo, mayi Manto Tshabalala-Msimang, ankazitama. Mu 2008 ofufuza a ku Harvard motsogozedwa ndi Pride Chigwedere adawerengera kuti kuchedwako kudaphetsa anthu oposa 330,000 pakati pa 2000 ndi 2005, ndipo ana pafupifupi 35,000 adabadwa ndi HIV imene ikadapewedwa. Ena mwa omwalirawo adali anthu a maiko oyandikana nawo, amene adabwerera kwawo m'mabokosi.

Chimene tiyenera kugwira pa mbiri imeneyi n'chakuti a Mbeki sadali munthu wosawerenga. Ankawerenga kwambiri, ndipo magwero adali nawo. Chidasowa ndi njira yoyezera gwero, kuti ili ndi lolemera, ili ndi mankhusu.

Muyeso wa magwero

Wikipedia idayamba pa 15 Januwale 2001, mkangano umenewu uli pakolasinga. Poyamba nkhani zake za matenda zinkalembedwa ndi aliyense mmene wafunira. Mu 2004 dokotala wina, Jacob de Wolff, adayambitsa gulu la akonzi a nkhani za umoyo lotchedwa WikiProject Medicine, ndipo m'zaka zotsatira akonziwa adagwirizana pa malangizo osankhira magwero, amene mwachidule amatchedwa MEDRS. Kufunika kwake kumaoneka pa chiwerengero cha owerenga. Kafukufuku wa James Heilman ndi Andrew West adapeza kuti pofika kumapeto kwa 2013 nkhani za umoyo pa Wikipedia zidali zoposa 155,000 m'zilankhulo zonse, ndipo chaka chimenecho zidatsegulidwa maulendo oposa 4.8 biliyoni, pamene akonzi olimbikira kwenikweni sadakwane ndi 300 omwe.

Malangizowo ndi osavuta kuwafotokoza. Ukafuna kulemba kuti mankhwala akuti amachiza, kuti chakuti chimayambitsa matenda, kapena kuti chizindikiro chakuti chimatanthauza chakuti, usadalire nyuzipepala, wailesi, tsamba la wogulitsa, kapena mawu a munthu mmodzi kaya ndi wotchuka chotani. Usadalirenso kafukufuku mmodzi payekha. Funa nkhani imene akatswiri adasonkhanitsa kafukufuku yense wa mutuwo n'kumuunika, kapena buku lophunzitsira madokotala, kapena malangizo a mabungwe a zaumoyo a dziko ndi a padziko lonse, monga unduna wa zaumoyo ndi WHO. Yang'ana chaka, chifukwa nzeru ya mankhwala imakalamba. Ngati n'kotheka tenga zolembedwa m'zaka zisanu zapitazi. Zimene zaoneka pa mbewa kapena m'botolo la mu labotale usazilembe ngati zaoneka pa munthu. Ndipo fufuza magazini imene yafalitsa nkhaniyo, ngati imayamba yapereka zolembazo kwa akatswiri ena kuti aziunike.

Mfundo yomalizayi ili ndi chitsanzo chake m'mbiri yomweyi. Mu 2009 a Duesberg ndi anzawo adalemba nkhani yotsutsa chiwerengero cha ku Harvard chija, ndipo idatuluka m'magazini ya Medical Hypotheses. Magaziniyi inkapezeka m'ndandanda wa PubMed, kumene madokotala amafufuzira zolembedwa, choncho munthu wongoyang'ana patali akadati gwero ndi labwino. Koma nthawi imeneyo magaziniyi sinkatumiza nkhani kwa akatswiri ounika. Mkonzi wake ankasankha yekha. Asayansi atadandaula, kampani yofalitsa ya Elsevier idachotsa nkhaniyo, ndipo mu 2010 mkonziyo adachotsedwa ntchito.

Nanga n'chifukwa chiyani kafukufuku mmodzi sakwanira? Chifukwa akhoza kukhala wa anthu ochepa, akhoza kugwera mwayi, akhoza kulakwika, ndipo nthawi zina akhoza kukhala wabodza. Nzeru yosonkhanitsa kafukufuku idakhazikika ndi bungwe la Cochrane, limene lidayamba ku Oxford mu 1993 ndipo lidatenga dzina la dokotala wa ku Scotland, Archie Cochrane. Chizindikiro cha bungweli chili ndi mizere isanu ndi iwiri, yoimira kafukufuku wa jakisoni woperekedwa kwa mayi amene akufuna kubereka masiku asanakwane, kuti mapapo a mwana akhwime. Woyamba adachitikira ku New Zealand ndipo adafalitsidwa mu 1972. Ambiri mwa kafukufukuyo, aliyense payekha, sadapereke yankho lomveka, ndipo madokotala adapitiriza kukayika. Ataphatikizidwa padaoneka poyera kuti jakisoniyo amapulumutsa ana. Nthambi ya bungweli ya ku South Africa idatsegulidwa ku Cape Town mu 1997, chaka chomwe cha Virodene, ndipo kuyambira 2014 Cochrane imagwira ntchito limodzi ndi akonzi a Wikipedia.

Njirayi imachita chinthu chimene umboni wa munthu woimirira sungachite. Imawerenga onse: amene adachira, amene sadachire, amene adamwalira, ndi amene adachira osamwa kanthu.

Ana 210 a ku Ndirande

Tsopano ndibwerere ku chiganizo changa chija. Mu 1993 Malawi adakhala dziko loyamba mu Africa kusiya chloroquine ngati mankhwala oyamba a malungo, chifukwa tizilombo tidali titamuzolowera, ndipo m'malo mwake adatenga SP, amene ambiri timamudziwa kuti Fansidar. Patapita zaka, ofufuza ku Blantyre adaona kuti tizilombo tosamva chloroquine tikusowa. Miriam Laufer ndi anzake adayesa zimenezi pa ana 210 odwala malungo ku chipatala cha Ndirande, ndipo zotsatira zidatuluka mu 2006 mu New England Journal of Medicine. Chloroquine adachiza ana 99 pa 100 alionse, pamene SP adachiza 21 okha. Kafukufukuyo adali wabwino, ndipo palibe amamutsutsa.

Koma ofufuza omwewo adachenjeza kuti chloroquine asabwezeretsedwe payekha, chifukwa m'maiko oyandikana nafe tizilombo tosamva mankhwalawa tidali tikadalipo, ndipo udzudzu sudziwa malire a Mwanza kapena Mchinji. Unduna wa Zaumoyo utayeza zonse, mu 2007 udasankha LA, amene timalandira mpaka lero. Ine ndidatola chiwerengero chokoma cha 99 n'kusiya chenjezolo. Taganizani mayi ku Tembisa, mwana wake watentha thupi atangobwera kuchokera ku Mangochi, mayiyo n'kuwerenga pa foni kuti chloroquine wayambanso kugwira ntchito. Chiganizo changa chidali choona, koma chikadamusocheretsa. Makolo adati kandimverere adakanena za m'maluwa. Wolemba pa Wikipedia ndi kandimverere wa anthu miyandamiyanda, ndipo akatola mbali imodzi ya nkhani onsewo amamva za m'maluwa.

Mliri wa Covid-19 udatikumbutsa zomwezi. Kuchiyambi kwa 2021 ku South Africa anthu adalimbirana ivermectin, ena mpaka kugula wa ziweto, ndipo bungwe loona za mankhwala la SAHPRA lidakakamizika kulola kuti aziperekedwa kwa odwala ena moyang'aniridwa. Chiyembekezo chachikulu chidachokera ku kafukufuku wa ku Egypt amene adaikidwa pa intaneti asanaunikidwe. Mu Julayi 2021 kafukufukuyo adachotsedwa, wophunzira wina wa ku London atapeza kuti ziwerengero zake sizikugwirizana. Apa pali phunziro lina lowawa: nkhani zina zosonkhanitsa kafukufuku zidali zitamuphatikiza kale, ndipo nazo zidasokera. Nsomba imodzi yowola idanunkhitsa dengu. A Cochrane, amene adasefa kafukufuku wofooka, adati umboni wodalirika woti ivermectin amachiza Covid-19 palibe. Choncho ngakhale gwero la mtundu woyenera liyenera kufunsidwa kuti lidasefa bwanji.

Pamene muyesowu umapweteka

Sindingabise kuti malangizowa ali ndi kowawa kwake kwa ife. Magwero amene amavomerezedwa ali pafupifupi onse m'Chingerezi, ndipo ambiri ndi olipira. Matenda a anthu osauka safufuzidwa mofanana ndi a anthu olemera. Nzeru ya agogo athu pa mitengo ndi mizu siidalembedwe m'magazini aliyense. Munthu akhoza kuona ngati lamuloli likutitsekera pakamwa.

Koma ndikayang'anitsitsa, lamuloli silidana ndi zitsamba. LA yemweyo maziko ake ndi chitsamba cha ku China chotchedwa Artemisia annua, chimene Tu Youyou ndi anzake adatengamo mankhwala m'zaka za m'ma 1970 atawerenga mabuku akale a asing'anga a kwawo. Mayiyu adalandira mphotho ya Nobel mu 2015. Chitsambacho chidadutsa pa muyeso, ndipo chidapambana. Pa Wikipedia ndingathe kulemba kuti anthu ambiri kwathu amamwa masamba a nimu akamva malungo, ngati pali buku lonena zimenezo, chifukwa imeneyo ndi nkhani ya chikhalidwe. Chimene sindingalembe popanda umboni wowerengedwa n'chakuti nimu amachiza malungo.

Ndiponso si zoona kuti magwero odalirika onse amachokera kunja. Unduna wa Zaumoyo uli ndi buku la malangizo a kachizidwe, Malawi Standard Treatment Guidelines. Tili ndi Malawi Medical Journal, imene aliyense angawerenge mwaulere pa intaneti. Muyeso umene madokotala padziko lonse amayezera kukomoka kwa mwana wodwala malungo aakulu umatchedwa Blantyre Coma Scale, chifukwa Malcolm Molyneux ndi Terrie Taylor adaukonzera ku chipatala cha Queen Elizabeth. Mu 2011 Malawi adayamba kupereka ma ARV a moyo wonse kwa mayi aliyense woyembekezera amene ali ndi HIV, njira yotchedwa Option B+, ndipo mu 2013 WHO idaiika m'malangizo ake. Mu Epulo 2019 katemera woyamba wa malungo adayamba kuperekedwa kwa ana ku Malawi, maiko ena asanayambe. Nzeru imatha kuchoka ku Lilongwe kupita ku Geneva.

Katundu wa womasulira

Kuyambira 2011 James Heilman, dokotala wa ku Canada, ndi bungwe la Translators Without Borders adayamba ntchito yomasulira nkhani zikuluzikulu za umoyo za pa Wikipedia m'zilankhulo zambiri, ndipo Ebola itabuka kumadzulo kwa Africa mu 2014 ntchitoyi idaoneka kufunika kwake. Wikipedia ya Chichewa ikadali yaing'ono. Nkhani zake n'zongopitirira pang'ono 1,000, pamene ya Chingerezi ili ndi zoposa 6 miliyoni. Kuchepaku kuli ndi ngozi yake. Chiganizo changa cholakwika cha Chingerezi chidachotsedwa tsiku lomwelo chifukwa kumeneko maso ndi ambiri. Ndikadachilemba m'Chichewa chikadakhala zaka popanda wochiona.

Pali misampha ina imene ili m'chilankhulo chenichenicho. Liwu lakuti malungo kwathu limanena kutentha thupi kulikonse ndi kuphwanya m'nkhongono, pamene dokotala akamati malungo akunena matenda a tizilombo tofalitsidwa ndi udzudzu, otsimikizidwa poyeza magazi. Liwu lakuti mankhwala limanena mapiritsi a kuchipatala, mizu ya sing'anga, chithumwa, ngakhale poizoni wa makoswe. Gwero likati mankhwala akuti mwina angachepetse ululu, womasulira wofuna chiganizo chosalala amakopeka kulemba kuti amachepetsa, ndipo kukayika kumene ofufuza adakusiya dala kumasowa. Kuchiza ndi kuchepetsa mphamvu ya matenda ndi zinthu ziwiri. Ma ARV sachiza, ndipo amene adawatcha mankhwala otalikitsa moyo adasankha mawu mosamala. Ndaphunzira kuti ndisamasulire chiganizo ndisanatsegule gwero lake n'kuona ngati likunenadi zimenezo. Kanambala kakang'ono ka kumapeto kwa chiganizo ndiyenera kukasenza kuwoloka nako mtsinje, chifukwa ndiko kamauza namwino wa ku Ntcheu kapena wophunzira wa ku Chipata kumene angakatsimikizire.

Ena amati anthu wamba alibe nazo ntchito zimenezi, amangofuna kuuzidwa chochita. Mbiri ya South Africa ikutsutsa. Chida chachikulu cha Treatment Action Campaign chidali kuphunzitsa. Ku Khayelitsha, kumene Médecins Sans Frontières idayamba kupereka ma ARV mu 2001, amayi amene sadapite patali ndi sukulu adaphunzira m'Chixhosa za chitetezo cha m'thupi, kuchuluka kwa kachilombo m'magazi, mayina a mankhwala ndi zovuta zake. Matthias Rath, dokotala wa ku Germany wogulitsa mavitamini, atafika m'dera lomwelo n'kumanyoza ma ARV, anthu ophunzitsidwawa ndiwo adamufunsa kuti umboni wake uli kuti. Mu Juni 2008 khothi lalikulu la ku Cape Town lidagamula kuti kuyesa kwake mavitamini pa odwala kudali kosaloledwa. Funso lakuti wanena ndani, ndipo wadziwa bwanji, lingathe kufunsidwa m'chilankhulo chilichonse.

Kapepala ka m'bokosi kaja ndimakalemekeza tsopano kuposa kale. Zimene zimalembedwapo zimayamba zavomerezedwa ndi bungwe la boma loona za mankhwala, ndipo pa mlingo ndi zovuta za mankhwalawo n'kodalirika kuposa mawu a malume. Koma wolemba wake ndi wogulitsa, ndipo sikangandiuze ngati pali mankhwala ena abwino kuposa amenewo. Chimenecho ndiyenera kukachifuna kwa amene adayerekeza onse popanda phindu lake.

Chiganizo cha chloroquine ndidachilembanso, ulendo uno m'Chichewa. Ndidachiika pa ndime ya mbiri, ndi zaka zake: 1993, 2006, 2007. Ndidalemba zimene zidapezeka ku Ndirande, chenjezo la ofufuzawo, ndi kuti mankhwala oyamba a malungo ku Malawi ndi LA, munthu atayezedwa kaye magazi. Kumapeto ndidaika tinambala tiwiri, kena kolozera ku nkhani younika kafukufuku wa mutuwu, kena ku malangizo a Unduna wa Zaumoyo. Ndidatumiza ndimeyo kwa msuweni wanga amene amapakira makatoni ku Isando kuti andiuze ngati ikumveka. Adandiyankha nthawi ya nkhomaliro kuti zamveka, koma adafunsa kuti tinambalato ndi tachiyani. Ndidamuuza kuti adine kamodzi aone.